Woperekeza Ackson

"Ndiye akwera ndi thupi ndani?"

A Sosten, tcheyamani wa bungwe la maliro la Amalawi a ku Mfuleni, anafunsa akuyang'ana pansi ngati funsolo linalibe mwiniwake. Koma m'chipinda monsemo mwamuna wa magazi a malemu Ackson anali mmodzi yekha, mng'ono wake Elvis, ndipo aliyense ankadziwa zimenezo. Elvis anasuntha nsapato kuthawa dontho lomwe linkagwa kuchokera kudenga.

Chipindacho chinali cha malata, kuseri kwa nyumba ya mayi wina wachixhosa. Bedi anali ataliimika kukhoma kuti olira apeze pokhala. Jennie, mkazi wa malemu, anakhala pamatiresi atafunda bulangete, mwana wake Fiona ali pambali. Kunja mvula ya Julaye inkagwa chopingasa, mvula ya ku Cape Town yomwe sinunkhira dothi chifukwa imagwera pamchenga.

"Ine ndimaganiza za ndege," anatero Elvis. "Yoonjezera ndipereka ndekha. Msewu ndi wautali, alamu atopa."

"Anabwera pamsewu," anatero Jennie osakweza mutu. "Abwerera pamsewu. Njira ya m'mwamba saidziwa."

"Komanso vuto si ndalama, adokotala," anatero a Sosten. "Bungwe lasonkha. Minibasi ilipo, ngolo ilipo. Chikusowa ndi pakamwa. Munthu sitimunyamula ngati thumba la simenti. Ponyamuka timamuuza. Pa Limpopo timamuuza, pa Zambezi, pa Dedza, mpaka pakhomo pake. Ndipo womuuzayo azikhala mwamuna wa magazi. Chaka chatha tinanyamula mnyamata wa ku Rumphi popanda womuyankhula. Galimoto inafera pa Masvingo, amakaniko anayang'ana zonse osapeza kanthu."

"Inali dizilo yosakaniza ija, atcheya," anatero wina kumbuyo.

"Dizilo yosakaniza imasankha galimoto ya maliro yokha?"

Anthu anaseka pang'ono, kenako anakumbukira pomwe anali.

Elvis sanali dokotala. Ankajambula mafupa ndi zifuwa pachipatala china cholipira ku Bellville. Amalawi a ku Mfuleni ankamutcha adokotala, ena mwaulemu, ena monga mmene umaperekera ulemu kwa munthu yemwe galimoto yake yakuthira matope.

"Pemiti yanga inatha mu Meyi," anatero. "Yatsopano sinatuluke, ndili ndi lisiti lokha. Malamulo asintha chaka chino, nonse mukudziwa. Ukatuluka pa Beitbridge ndi lisiti amakudinda kuti ndiwe wosafunika. Chaka, mwina kupitirira, osalowanso. Ine kuno ndili ndi mkazi, mwana, ntchito."

A Sosten anagwedeza mutu kuvomereza, chifukwa zinali zoona. Chimene chinamupweteka Elvis n'chomwecho. Kwa zaka zambiri wakhala akupereka zifukwa zowola, ndipo lero, atapeza chifukwa chenicheni, chinatuluka m'kamwa ndi fungo la zinzake zija.

"Bambo aang'ono nthawi zonse amakhala ndi pepala lomwe silinatuluke," anatero Fiona.

"Fiona."

"Ndikungowamvera chisoni, amama."

*

Nkhaniyo inayamba kale, boma la kwawo litatumiza Elvis kuno kudzaphunzira ntchito yojambula mafupa. Anasaina bondi: akamaliza adzagwira m'zipatala za boma zaka zisanu, akapanda kutero adzabweza zonse. Bondi imafuna womuimira, munthu wokhala ndi katundu. Ackson, mphunzitsi wa pulayimale, anasaina, n'kuika nyumba yake ya ku Chibavi, ku Mzuzu, ngati chikole.

Elvis anabwereradi kwawo. Anakhala zaka ziwiri pachipatala china chakutali akulondera makina akufa omwe anawaphimba ndi nsalu, ntchito yake ili kuuza anthu othyoka miyendo kuti apite kwina. Tsiku lina anakwera basi ya ku Joni osatsanzika.

Boma lomwe silinapeze ndalama yokonzera makina linapeza msanga pakhomo pa Ackson. Linawerengera ngongole yonse, ngati kuti zaka ziwiri zija Elvis anali kuthengo. Linaiwerengera m'marandi, kotero kwacha itagwa mu 2012 ngongoleyo inanenepa yokha popanda woidyetsa. Linayamba ndi kudula malipiro, kenako linameza penshoni. Pa msinkhu woti azikhala pakhonde kumvera wailesi, Ackson anabwera ku Cape Town kudzadulira azungu a ku Durbanville kapinga, n'kumatumiza kangachepe mwezi ndi mwezi kuti nyumba isagulitsidwe. Chifuwa chitamugwira, kangachepeko kanasiya kupita. Asanamwalire n'komwe uthenga unali utafika kale: nyumba idzagulitsidwa pa okushoni mu Seputembala.

M'mawa mwa tsiku lotsatira zokambirana zija Elvis anatenga Fiona pagalimoto kukasiya mapepala a malemu kwa okonza maliro ku Bellville. Fiona ankaluka tsitsi pafupi ndi renki ya mataxi komweko. Koleji anaisiyira pakati chaka chomwe penshoni inamezedwa. Anakhala atapinda manja mpaka atadutsa milu ya mchenga ya m'mbali mwa msewu.

"Munafunsapo mmene zinayendera kukhoti?" anafunsa.

"Achimwene anandiuza."

"Anakuuzani kuti sizinayende bwino kwenikweni koma Mulungu alipo. Ndinawamva, foni yake inali yanga. Ine kukhotiko ndinaliko."

Elvis anachepetsa wailesi.

"Anagulitsa njinga yamoto kulipira loya. Anakonzekera ngati mayeso, amama akuwafunsa mafunso pakhonde. Mfundo zawo zinali ziwiri basi. Zaka zomwe munagwira zichotsedwe. Zikachotsedwa, penshoni yomwe anatenga yakwanira, nyumba aisiye. Loya wa boma sanatsutse ndi imodzi yomwe. Anangoimirira n'kuwerenga kandime kamodzi, n'kukhala pansi. Ngakhale madzi ake sanamwe."

Fiona anasintha mawu, nawakulitsa ngati a munthu wa chimfine. "'A Luhanga, mwina mfundo muli nazo, koma mwagogoda pakhomo lolakwika. Pangano lanu likuti mkangano uliwonse upite kwa mkhalapakati. Khoti lino manja ake ndi omangidwa.' Ndiye adada anakweza dzanja ngati mwana wa sukulu. Akuti, 'Bwana, nanga anzathuwa potenga penshoni yanga anadzera kwa mkhalapakatiyo?' Woweruza akuti kutolera ngongole si mkangano, mkangano umayamba munthu akadandaula. Anthu anaseka. Adada nawonso anaseka, kuti woweruza asachite manyazi."

Zotsalazo Elvis ankazidziwa yekha, ndipo kandime kaja ankakadziwa pamtima kuposa Masalimo. Kanatchula anthu awiri okha ololedwa kupita kwa mkhalapakati: boma ndi wophunzira. Womuimira anali ndi ufulu umodzi, wolipira. Wophunzirayo anayenera kukaonekera yekha ku Lilongwe, kutsegula nkhani, ndi kupereka theka la malipiro a mkhalapakati. Nkhani ikangotsegulidwa, chikole sichigulitsidwa mpaka chigamulo chituluke. Elvis anali atafunsapo maloya awiri a ku Cape Town ngati panali khomo lakuseri, loti munthu n'kulowera pa kalata kapena pa foni. Onse anamulipiritsa, onse anamuuza zomwe Ackson anauzidwa pa mtengo wa njinga yamoto.

"Nthawi imeneyo pemiti munali nayo?" anafunsa Fiona.

"Ndinali nayo."

"Chaka chotsatira?"

"Ndinali nayo."

"Chabwino. Ndimangofuna kudziwa. Mwina ndimakunamizirani mumtima."

Akanamuuza chiyani mwanayo? Kuti ankaopa kukakhala pampando pamaso pa anthu omwe ankadya nawo nyemba zofukwa ku sekondale, omwe tsopano ali ndi maofesi ndi mimba, iwo akumutcha wakuba m'Chingerezi chaulemu? Kapena kuti Mzuzu ankamusunga m'mutu monga anamusiyira, nkhungu ikutsika m'mapaini a Chikangawa, mvula yonunkhira utomoni, ndipo anali atamva kuti mitengo ija anaidula n'kutsala zitsa? Dziko limakondeka bwino uli kutali. Pa Khirisimasi ankapita ku Mfuleni ndi envelopu, ndipo Ackson ankailandira ndi manja awiri ngati mphatso yochokera kwa mlendo.

Pa geti la okonza maliro Fiona anatsika, n'kuweramira pawindo.

"Adada anatsokomola kuyambira Epulo," anatero. "Inu mumajambula zifuwa, eti?"

Anatseka chitseko pang'onopang'ono, osamenyetsa.

*

Wa magazi wina anapezeka ku Langa. Anali Pitilani, mdzukulu wa msuweni wa bambo awo, yemwe analibe pepala lililonse loti angalitaye pa Beitbridge. Elvis anamupeza akuotcha mitu ya nkhosa pakhomo pa hositelo, ndipo anagwirizana mtengo asanamalize kupatsana moni.

"Kungowauza kuti tawoloka, tawoloka? Zosavuta, bhuti. A Jackson ndimawakumbuka bwino," anatero Pitilani, yemwe anali atazolowera kunena achimwene m'Chixhosa.

"Ackson."

"Eya, omwewo."

Madzulo dzuwa lisanalowe Elvis anabwerera ku Mfuleni kukanena. Anapeza Jennie akulongedza m'zikwama zamizeremizere zija zomwe aliyense wobwerera kumudzi amanyamula: mapoto, makatani, sizasi yodulira maluwa yomwe bwana wa ku Durbanville anati aisunge ngati chikumbutso. Anamvetsera mpaka Elvis atamaliza.

"Magazi ndi magazi, alamu, ngakhale osungunula," anatero. "Mwayesetsa."

Elvis anayembekezera zina. Akanakonda amutukwane, amuponyere poto, anthu a m'zipinda zinazo atuluke kudzaonerera. Jennie anapitiriza kukulunga makapu m'nyuzipepala.

"Za nyumba ija, ndiyesa kutumiza kenakake," anatero Elvis. "Mwina angasunthe tsiku."

"Anasuntha kale kawiri. Akuti kachitatu kulibe."

"Ndiye mukakhala kuti?"

"Ku Ekwendeni, kwa apongozi. Ng'ombe zinaperekedwa, sangandithamangitse. Kuli khitchini ija ya udzu, tikaimata." Anaika kapu m'chikwama, n'kutenga ina. "Koma inu mumadziwa malamulo, ndikufunseni. Ogula pa okushoni amamulola munthu kukolola zomwe anadzala? Nthochi za kuseri zija zikhwima cha mu Okotobala. Akulu anu anazidzala chaka chomwe inu munapita kusukulu."

"Sindikudziwa, alamu."

"Palibe kanthu. Ndikawafunsa eni akewo. Mwina akhala anthu abwino."

Anamupatsa nyuzipepala kuti amuthandize. Elvis anakhala pa kreti ya zakumwa n'kukulunga makapu a mkulu wake, imodzi imodzi, mpaka anatha.

*

Tsiku lonyamuka mvula inakata. Minibasi inaima pabwalo la okonza maliro, ngolo yake yachitsulo ili yotsegula kumbuyo. Amayi a bungwe ankaimba motsitsa. Pitilani anafika atanyamula wailesi yaikulu yokagulitsa kumudzi, ndipo ankakangana ndi dalaivala kuti ayiike pati.

A Sosten anakokera Elvis pambali.

"Bokosi lisanatsekedwe, mukawatsanzike. Muwauzenso yemwe akuwaperekeza, ndi chifukwa chake. Asakadabwe panjira kumva mawu achilendo."

"N'zofunika zimenezo?"

"Ine ndine wa Sinodi ngati inu, adokotala. Koma galimoto ikafera m'tchire la Mozambique, amene amatukwanidwa ndi tcheyamani."

M'chipinda chozizira munalibe wina. Bokosi linali pa tebulo lachitsulo, nsalu yoyera itafika pachibwano. Elvis anali ataona mitembo yambiri pantchito, ndipo ankadziwa kuti nkhope ya munthu wakufa siinena kanthu. Anaima chakumutu n'kuika manja kumbuyo, monga ankaimira ali mwana akabweretsa lipoti la sukulu.

"Achimwene," anatero. "Ndine Elvis."

Firiji inkalira pakona.

"Mukupita kumudzi lero. Alamu ali nanu, Fiona ali nanu. Amene akuperekezeni ndi Pitilani, wa kwa a Dziko uja, amene amakhala ku Langa. Ine zavuta pang'ono. Pemiti sinatuluke. Ikangotuluka, mwina mwezi wamawa—"

Anaima pomwepo, chifukwa ndi pomwe ankaima nthawi zonse. Kwa zaka zonsezi sanamalizepo chiganizo chimenechi. Akafika pa mwezi wamawa, Ackson ankamulanda mawu: palibe kanthu mng'ono wanga, mwezi wamawa si kutali, ntchito ya azungu siisewera. Ankanena mofulumira, akuyang'ana kumbali, ngati munthu wophimba mnzake yemwe chovala chamung'ambikira pagulu. Ndipo Elvis ankatuluka atapepukidwa, n'kuyendetsa galimoto kubwerera ku Bellville akuimba mluzu.

Anadikira. Anazindikira kuti akudikira, ndipo anachita manyazi, koma anadikirabe.

Palibe anamulanda mawu. Chiganizo chinakhala pomwepo, chosatha, pakati pa iye ndi nsalu yoyera. Anayesa kuchimaliza yekha. Mwezi wamawa pemiti ikhoza kutuluka kapena ayi. Mwezi winawo munthu wina adzaima pakhonde la ku Chibavi ndi kabelu, anthu adzakweza manja, ndipo mkazi yemwe akuimba panjapo adzapempha chilolezo chodula nthochi zake. Munthu yekhayo padziko lonse yemwe kandime kaja kankamulola kuletsa zimenezo anali ataima pano, manja kumbuyo, akudikira kuti wakufa amukhululukire.

A Sosten anagogoda kamodzi, osalowa.

"Achimwene," anatero Elvis. "Zija ndanenazi zisiyeni. Ndikuperekezani ndine. Tikakuikani, nditsikira ku Lilongwe."

Atatuluka anauza a Sosten kuti adikire, akatenge pasipoti. A Sosten anamuyang'ana, n'kuyang'ana wotchi, n'kuuza dalaivala kuti azimitse injini.

"Nanga ine?" anafunsa Pitilani. "Ndalama ija sindibweza, bhuti. Ndagula kale wailesi."

"Ukwera," anatero a Sosten. "Ukhala kumbuyo, ndipo usatsegule pakamwa. Ungawasokoneze malemu ndi ma Jackson ako."

Zomwe Elvis anakambirana ndi mkazi wake m'khitchini sizinali zazifupi, ndipo sizinathe. Mkaziyo anafunsa kuti abwera liti, iye anati sakudziwa. Anafunsa za lendi, za sukulu ya mwana, za ntchito, ndipo pa chilichonse yankho linali lomwelo. Anafunsa chifukwa chomwe sanapitire zaka zonsezi pomwe kubwerera kunali kwaulere. Elvis anapita kuchipinda kukatenga pasipoti. Mkaziyo anamuikira masokosi m'chikwama mosamuyang'ana, ndipo sanatuluke kudzamuperekeza.

Elvis anabwerera pabwalo paja dzuwa litakwera. Bokosi linali litalowa kale m'ngolo. Fiona anamuona akutsika taxi ndi chikwama, anangochotsa thumba lake pampando wakutsogolo n'kupita nalo kumbuyo.

"Mukudziwa kuti mkhalapakatiyo akhoza kugamula mokomera boma?" Elvis anauza Jennie motsitsa, ataima pakhomo la minibasi. "Kutsegula nkhani kungoimitsa okushoni. Sindikulonjeza kuti nyumba ipulumuka."

"Ndikudziwa, alamu. Akulu anu ankafuna kuti wina angomva mfundo zawo, basi."

Anawerama n'kusolola pansi pa mpando pulasitiki yopindidwa bwino, n'kumupatsa. M'katimo munali jekete yakuda, ya suti, yonunkhira mankhwala a njenjete. Elvis anaizindikira. Ackson anakwatira nayo, ndipo pa zithunzi zonse za kutsekera sukulu anali atavala yomweyo.

"Ya achimwene iyi. Bwanji simunawaveke?"

"Tinayesa. Inawakulira."

"Anaonda chonchi?"

"Anaonda, koma si chifukwa chake. Chaka chatha anapita nayo kwa telala wa pa renki kuti aikulitse m'mapewa ndi pamimba. Anakuyezani ndi maso pa Khirisimasi. Akuti kwa mkhalapakati munthu sapita atavala za kuchipatala."

Dalaivala analiza injini. Amayi a bungwe anayamba nyimbo ina.

Elvis anavula juzi yake n'kuvala jeketeyo pomwepo pabwalo. M'mapewa inakhala bwino. Anamanga batani lapakati, ndipo linalowa popanda kukoka. Manja okha ndi omwe telala sanawakhudze. Anali aatali, a Ackson, ndipo zala za Elvis zinabisika m'kati.

Jennie anamugwira dzanja lamanja n'kupinda nsaluyo kamodzi, n'kuisalaza ndi chala. Kenako anatenga lamanzere.